Diso Lomwe Ndinagula

Ndinaligula chaka chomwe akuba anathyola loko kawiri,
pasitolo ina kuseri kwa msika wa Zomba.
Awiri m'bokosi, akuda bii.
Bwanali anakhoma lina pamwamba pa shelefu ya sopo,
linalo kuchipinda kwa mwana, kwathu ku Matawale.
"Nambala yachinsinsi ndi yomwe yabwera nayoyo,
mudzasinthe mukapeza mpata."
Mpata sindinaupeze.
Bwanali ali ku Joni.

Foni inkandiuza: pulogalamu yakalamba.
Ine n'kumati bandulo yadula,
uthengawo n'kuukankha ndi chala
ngati ntchentche pa mbale ya mandasi.
Kenako inaleka kundikumbutsa.
Ndinayesa yachira,
osadziwa kuti eni ake anasiya kalekale kuisoka zigamba,
ikungoyenda ming'alu ili pamtunda.

Lachinayi lija nkhungu itatsika paphiri,
Asiyatu akudzoza mwana mafuta,
diso linatembenuka lokha,
pang'onopang'ono, ngati la bilimankhwe.
Munatuluka chifuwa cha mwamuna.
Kenako dzina la mwana wanga,
lotchulidwa mokhota,
koma lake.

Ali kuti munthuyo?
Pa Chinamwali pomwepa, kapena dziko lomwe kukucha ife tikugona?
Wandiona kangati ndikunyowetsa chala kuwerenga za tsikulo,
ndikuponya kiyi m'chitini cha mkaka,
ndikusintha malaya poganiza kuti ndatseka chitseko?
Usiku uja bambo a mwana ananyamula chikwama
ndinalira chamumtima kuti aneba asamve.
Kani panali wina, atakhala phee,
mwina akutafuna mtedza.

Mazenera ndinawotcherera zitsulo,
galu ndinaweta, mpanda ndinathira mabotolo osweka.
Koma mlonda ndinamulemba osamufunsa kwawo,
ndipo khomo lake lili mumphepo
pomwe loko sakoleka.

Ndazula nthambo.
Onse awiri ndawakulunga m'thumba la shuga,
ali pansi pa bedi,
komabe ndikamavula ndimayang'ana pakhoma,
pa timabowo tiwiri ta misomali.

Dzulo ndinapita kwa Nasibeko wa saluni,
ali nalo ngati lomwelo, pamwamba pa galasi
pomwe amayi amamasula mipango.
Ndinamufotokozera zonse, mpaka za dzina.
Anaseka, chipeso chili kukamwa:
"Langa likujambula bwinobwino."

Ndinaliyang'ana.
Kanyali kake kofiira kanaphethira.
Ndinakokera chitenje paphewa.