Mayi Amene Anafa Kasanu ndi Kawiri

Ku Bangula tinkangoti Mayi Fiyorenza a pa sikelo,
mzungu wokalamba, msana wopindika ngati chikwakwa,
amene Lachiwiri lililonse ankapachika ana athu pa mbedza
n'kulemba makilo ndi pensulo yokhala m'tsitsi.
Chisena chawo chinali chothyokathyoka.
Ine ndinkawachapira. Madiresi atatu basi,
ndi mpango umodzi wofiira
umene sankalola kuti ndiuviike m'madzi.

Ndiye Alufazema wa vidiyo anabwera ndi katoni ya matepi
yochokera ku Mutarara, yodutsa pa Marka pa njinga.
Pakati pa mafilimu a nkhonya ndi a mfuti
panali imodzi yakalekale, yakuda ndi yoyera.
Anyamata anayamba kukuwa, tibwezereni ndalama zathu!
mpaka mtsikana wa m'kanemamo atatembenuka pa siteshoni ya sitima
n'kukweza nsidze imodzi, ya kumanzere,
monga ankachitira Mayi a pa sikelo mwana akatsika makilo.
Onse zii.
Jenereta yokha ndiyo inatsala ikulankhula.

Mawa lake anabwera okha, nalipira pakhomo ngati wina aliyense,
nakhala pa benchi pakati pa akabaza ndi amayi a nsomba,
thukuta la Okutobala likutsika m'khosi.
Anadzionera akupsompsona mwamuna wa chipewa.
Ameneyo ankanunkha adyo, anandinong'oneza.

Usiku pakhonde, udzudzu wa ku Dambo la Njovu ukutizungulira:

Zelifa, ine ndafa kasanu ndi kawiri.
Kawiri ndi mfuti, kamodzi ndi chifuwa chachikulu,
kamodzi m'madzi ozizira,
ndipo anandiviika kakhumi poti dzuwa linkabisala.
Imfa zinazo ndaiwala.
Bambo anga anali msodzi pa mtsinje wosefukira ngati Shire wanuyu.
Anthu a kanema anandipeza pamsika ndikupala mamba,
anandisintha dzina, anandiwongola mano, ananditengera ku Roma.
Mawu amene wamva aja si anga.
Ankati ndimalankhula chimidzimidzi,
choncho mkazi wina, amene sindinamuonepo n'kamodzi komwe,
ankalowa m'kachipinda n'kumalira m'malo mwanga.
Zaka makumi awiri ndinkangoyasama
ngati mlamba pa mchenga.

Nanga munasiyiranji?

Sindinasiye. Lamya ndi imene inasiya kulira.
Chaka china anandipatsa kukhala mayi wake wa mwamuna
amene dzana lomweli anali chibwenzi changa.
Kenako agogo a pa windo, opanda mawu.
Kenako ndinayamba kuwerenga ndekha makwinya pagalasi.

Anapha udzudzu pa mkono, nayang'ana magaziwo.
Awa ndi enieni, anatero. Kuja ankatipaka a m'botolo.

Chaka chimene Ruo anakankha Shire
madzi n'kutilowera m'nyumba tili mtulo,
sutikesi yawo ya zithunzi inayandama mpaka ku njanji.
Tinaziyanika pa thandala la nsomba.
Nkhope zinamatirirana,
diresi laukwati linasanduka matope,
mwamuna wa chipewa uja anatsala chipewa chokha.
Ndinathamanga kukawauza.
Ndinawapeza kumsasa wa mahema
akumangirira sikelo pa nthambi ya mtengo wa masau,
mzere wa amayi utafika mpaka pa mjigo.
Zisiye ziume, anatero, undipatse mwana uyo.

Anabwerera kwawo miyendo itayamba kutupa.
Kalata inafika kwa abambo mfumu nthawi yokolola thonje:
afa kachisanu ndi chitatu,
popanda wowauza kuti dzukani, tibwerezenso.

Tepi ija makina anaitafuna kalekale.
Alufazema pano amatchaja mafoni.
Mpango uja anandisiyira ine,
womwewo umene mtsikana wa pa siteshoni
ankaugwedeza sitima ikunyamuka.
M'kanema muja unkaoneka wotuwa ngati phulusa.
Ndimauvala popita ku sikelo ndi mdzukulu wanga,
ndipo sindinauchapebe.