Inde Kapena Ayi

Ndadzuka folo koloko ku Yeoville,
ndasiya madzi m'ketulo asanawire,
ndakwera matakisi awiri
kuti ndifike pa mzere wa kwa kazembe
dzuwa lisanatenthe.

Patsogolo panga pali mnyamata wa ku Mzimba,
zithunzi zake wazikulunga m'pepala la buledi.
Kumbuyo mayi akuyamwitsa mwana wobadwira kuno,
mwana wopanda chikalata, koma wonenepa bwino.

Cholembera ndabwereka. Mwini wake akundiyang'ana.
Dzina: Esinta Kachingwe.
Mudzi, mfumu yaikulu, boma, ndalemba osaganiza,
dzanja likukumbuka njira ya kwathu kuposa mapazi.
Msinkhu, mtundu wa maso,
chipsera cha ayironi wamakala pachigongono,
zonsezi ndapereka mosawinyawinya.

Kenako funso lija, kumunsi kwa tsamba lachitatu:
Kodi muli ndi mlandu umene sunathe kukhoti?
Timabokosi tiwiri, tochepa ngati mabatani a malaya.
Inde. Ayi.

M'kabokosi kotere angalowemo bwanji makina osokera?
Ndinawagula Loweruka pa msewu wa Rockey
kwa mnyamata wa chipewa chofiira
amene anati ndi a azakhali ake omwalira.
Ndinasokera miyezi isanu,
mayunifolomu a ana a sukulu, makatani a Msomali wa pakona,
ndi diresi limodzi la ukwati lomwe mpaka lero sanamalize kulipira.
Tsiku lina apolisi anafika ndi mayi wa ku Kensington,
anatembenuza makinawo, nawerenga nambala ya kunsi.
Ine sindinkadziwa kuti makina amakhala ndi nambala.
Ulusi wobiriwira unali udakali pa singano.

Ndinagona masiku awiri m'chitokosi ku Jeppe.
Ya belo anandisonkhera amayi a kwaya.
Mlandu aukankha katatu,
koyamba womasulira sanabwere,
kachiwiri fayilo inasowa,
kachitatu magetsi anathima woweruza atangokhala pansi.
Akuti ndikabwerenso mu Ogasiti.

Pasipoti yanga inatha mphamvu chaka chatha
ili m'sutikesi, pansi pa zitenje,
ndipo Tayamika ku Ntcheu ndi wodwala, miyezi isanu ndi iwiri.
Ndinamusiya mano awiri akutsogolo akugwedera.
Dzulo wanditumizira mawu pa foni:
Amayi, miyendo yatupa. Mubwera?

Wina pa mzere akundinong'oneza:
Chongani Ayi, mayi,
makompyuta a kuno ndi a kwathu salankhulana.
Wina akuti: Mukanama pa fomu ya boma
mwagula mlandu wachiwiri ndi ndalama zanu zomwe.
Pa mzere uno aliyense ndi loya.

Sindikuthawa ine.
Pepala la belo lili m'chikwamamu, lopindidwa kanayi,
likundiletsa kutuluka m'chigawo chino.
Ndikungofuna kuti woweruza akadzati pitani,
ndisadzayambe kufola pano
mwana atabadwa kale, mchombo utagwa,
dzina atam'patsa ena.

Mwini cholembera watsokomola.

Ndachonga Inde.
Pambali pake, pomwe palibe mzere wolembapo,
ndafinyikiza timalemba ting'onoting'ono:
ndinagula, sindinabe.

Mtsikana wa pawindo wawerenga mofulumira,
wafika pamenepo, waima.
Wandiyang'ana nkhope, wayang'ana chithunzi,
ngati mmodzi wa ife awiri ndiye wakubayo.
Izi aona akuluakulu, watero, khalani pa benchi apo.
Sanakane. Sanavomere.
Fomu yanga waiika payokha, pansi pa kapu ya tiyi.

Ndabweza cholembera.
Mnyamata wa ku Mzimba watuluka akumwetulira, risiti m'manja.
Mwana uja wagona bere lili m'kamwa.
Foni yanjenjemera m'chikwama, sindinaitsegule.

Mtsikana uja wadzuka, wanyamula mafayilo,
ndipo ndaona kuti mpendero wa siketi yake wasosoka kumbuyo,
ulusi ukulendewera, iye sakudziwa.
Ntchito ya mphindi zisanu imeneyo.
Zala zanga zayamba kale kupinda nsalu pamwendo panga.