Wokoka Katani

Ine ndinali wokoka katani ku holo ya Stodart.
Chingwe chinandiumitsa zikhatho zaka khumi ndi zinayi,
ndiye ndikamanena za Dolifa Chakhumbira musandidule pakamwa.

Anabadwira ku Mbare, chipinda chimodzi anthu asanu ndi awiri,
mwana wa mtchona wa ku Ntcheu
amene ankakazingira azungu mazira ku Avondale
nafa asanakwere basi yobwerera.
Kusukulu ankamuseka lilime, ati likununkha kwawo kwa bambo ake.
Iye anatola chipongwecho, nachipinda bwinobwino ngati mpango,
nakwera nacho pa siteji.

Munamuona kodi ali namwino wakuba mapiritsi?
Ali wapolisi, ndevu za makala zikutsika ndi thukuta?
Amayi a tomato ku Musika ankaphimba mabenchi dzuwa likadalipo
kuti adzaseke mpaka zitenje kumasuka.
Usiku wina magetsi anazima ali pakati pa kulira maliro.
Tinamuunikira ndi nyali ziwiri za njinga.
Sanaphonye liwu.
Holo yonse zii,
kumangomveka khanda likuyamwa kumbuyo uko.

Kenaka kunabwera kachifuwa.
Tinati ndi fumbi la Ogasiti, tinati mandimu ndi uchi zithana nako.
Ku Gomo adokotala anatsegula khosi lake
natulutsa chotupa pamodzi ndi mawu.
Anabwerako ndi kabowo pansi pa mmero
ndi kansalu kophimbira.

Chaka chathunthu zenera lake silinatseguke.
Ndinkapita ndi malalanje, ndinkabwerera nawo.

Mpaka mwana wa neba anaiwala kope la masamu pakhonde pake,
masamba anayi okha olembedwa.
Pamene tambala ankalira, otsalawo anali atadzaza:
munali bambo ake, epuloni ili m'chiuno,
akuwerenga ndalama za tikiti m'chitini cha shuga,
chaka ndi chaka kuperewera pang'ono pokha.
Mwanayo anakwapulidwa kusukulu chifukwa cha kopelo.
Dolifa anamugulira awiri.

Kulemba sikunamukomere mtima msanga.
Pepala siliwomba m'manja, anandilembera pa chikwama cha ndudu,
silikhosomola kuti udziwe kuti watalikitsa.
Ankayamba wayenda m'chipindamo, kukweza phewa, kutsimphina,
kuvala nkhope ya munthuyo,
ndipo akamupeza ankathamangira bolopeni asanathawe.
Ndamuonapo akung'amba ntchito ya mwezi wathunthu
nayatsira mbaula.

Mkulu wosindikiza mabuku m'tauni anatembenuza masamba atatu,
nati, Mayi, Chinyanja mu Harare muno awerenge ndani?
Dolifa anagulitsa mawigi ake onse ndi nsapato zofiira zija,
tinasindikiza mazana awiri pa makina a kuseri kwa telala,
ine ndikuluma mapini, iye akupinda.
Tinakaima pokwerera mabasi a ku Blantyre.
Anagula amayi a geni, mabuku kuwapanikiza pakati pa sopo ndi mafuta.
Anagula nkhalamba za bungwe la maliro ku Mufakose.
Ina inabwerera pa sabata, maso ofiira,
niti, Chitini chimenechi mwachiona kuti? Changa chili pansi pa bedi.

Lero ali ndi mabuku atatu ndi magalasi omanga ndi ulusi.
Loweruka lapitali anatiitana ku holo yomwe ija,
mipando theka, denga likudontha pakona.
Anandikoka dzanja kundichotsa kumdima kwanga,
nandiimika pakati, ine amene sindinaimepo kutsogolo kwa katani,
nandipatsa buku.

Maondo anagundana.
Ndinawerenga ngati wothawa galu.
Iye ali pa mpando wakutsogolo anagogoda ndi bolopeni, go, go,
ndiye kuti bwerera, puma, usameze mawu anga.
Ndinabwerera.
Pofika pa chitini cha shuga
ndinamva zii uja wa nyali za njinga,
ndipo milomo yake inkayenda pamodzi ndi yanga,
patsogolo pang'ono.

Katani tsiku limenelo panalibe woikoka.
Anthu anakhalabe pansi, osadziwa kuti zatha.