Choko cha Mayi Eufrasia

Anandiitana ku Sucre sabata yatha.
Akuti ndikanene mawu awiri atatu
potsegulira holo yomwe aitcha dzina lanu,
Mayi Eufrasia Yucra.
Ndinabwereka nsapato za mlamu wanga, zothina,
ndinakhala kumbuyo pafupi ndi chitseko
ndikumva mapulofesa akutchula buku lanu
ngati linagwa kumwamba lili losindikizasindikiza.

Ine ndinaliona lisanakhale buku.
Anali mapepala okulungira shuga a m'sitolo ya mgodi,
osokedwa ndi ubweya wa nkhosa.

Sukulu yathu inali pamsana pa phiri la Potosí
kumene mphepo siiona nkhope.
Mawindo tinkatseka ndi makatoni.
Usiku inki inkaundana m'botolo,
m'mawa inu n'kuifunditsa m'khwapa
uku mukuitana mayina:
Nicasio, Basilia, Hilarión wa chimfine chosatha,
kenaka ine, Teodora, wosayankhula.

Lamulo linali Chisipanishi chokhachokha.
Inu munkayambira m'Chikechuwa cha amayi athu.
Woyendera sukulu atakalipa, munangoti:
"Bwana, mwana samwa madzi ndi pakamwa pa mnzake."
Iye analemba zimenezo m'kabuku kake. Sanaseke.

Masamu tinaphunzira ndi miyala yotayidwa kumgodi.
Khumi ya imvi, umodzi wofiira.
Mukafunsa funso munkadikira.
Kalasi yonse phuma, zala m'mwamba,
inu maso ali pa ine,
kudikira, kudikirabe,
mpaka liwu langa linatuluka ngati mbewa kuuna:
"Zisanu ndi ziwiri."
Ndinalakwa. Zinali zisanu ndi zitatu.
Koma munati, "Tamva mawu ako. Tsopano tiwerengenso."

Chaka chachitatu kunabwera abambo athu.
Usiku, nyale zikadali pa zipewa,
masaya otupa ndi masamba a koka,
anadzipinda pa timabenchi tathu, maondo kufika pachibwano.
Bambo anga anagwira pensulo ngati tchizulo,
n'kuboola pepala katatu.
Patatha miyezi isanu anawerenga okha chikalata cha malipiro
ndi kupeza kuti mtengo wa bomba lophwanyira miyala
ankawadula kawiri mwezi uliwonse.
Sanakuwe. Anangokhala chete nthawi yaitali,
chala chili pa nambala ija.

Za kumgodi zija mukuzidziwa.
Chisanu chisanathe anakusamutsirani kutali,
kuchigwa chotentha kumene tinalibe wachibale.
Munakwera lole ya malasha ndi katundu mmodzi.
Choko chotsala, chachifupi ngati chala cha khanda,
munandifumbatitsa osanena kanthu.

Bambo anamwalira ndi fumbi m'mapapo.
Kuchipatala namwino anabweretsa inki ya chidindo,
iwo anabisa chala chachikulu m'bulangete
napempha cholembera.
Dzina lawo linatenga mizere iwiri, lokhotakhota,
koma linali lawo.

Ndiye ku Sucre kuja atanditchula,
ndinaimirira, pepala langa ndaliiwala m'basi.
Mnyamata wina wamagalasi anafunsa mwaulemu:
"Mwaphunzitsa zaka makumi atatu ndi zinayi, mayi.
Pa njira zonse za m'bukuli, yaikulu ndi iti?"

Ndinapisa dzanja m'thumba, ndinakhudza kachoko kaja.
M'holo yonseyo mulibe bolodi lakuda,
makoma ndi magalasi okhaokha.

Ndinati: ankadikira.

Iye anadikira kuti ndipitirize.
Ena anayamba kutsokomola, wina kuyang'ana wotchi.
Ine ndinangoima,
nsapato zikundiluma,
ndikuwerenga chamumtima monga munkachitira inu,
kuti ndione ngati m'nyumba ya dzina lanu
muli mmodzi yekha wotha kufika makumi atatu.

Mtsikana wina kumapeto, wosesa m'holomo,
anatsamira tsache lake, osaphethira.
Anafika.