Mmisiri wa Khutu Lopindika

Anabwera Lachiwiri, fumbi la Ndirande lili ku nsapato,
mayi wa magalasi, kabuku m'manja.
Sanabwere kudzametetsa.
Anaima pa chikwangwani changa nthawi yaitali
ngati akudikira minibasi yoti siibwera.

Mitu isanu ndi umodzi, penti yosuwa,
wina wa mpala, wina wa mzere pambali.
"Taonani khutu," anatero.
Zaka makumi awiri ndikumeta pansi pa thabwa limeneli
koma sindinaonepo
kuti khutu lililonse ndi lopindika kunsonga
ngati tsamba la buku
pamene wowerenga analekezera.

Akuti analipeza ku Bangwe, pakhomo pa telala,
ku Limbe pa butchala, ngakhale pa mutu wa ng'ombe,
ku Chilomoni kuseri kwa chitseko cha bafa,
chikwangwani chitasanduka chigamba.
Zonse khumi ndi zinayi. Dzanja limodzi.
"Dzina lake ndani?"

Ndinazimitsa makina.

Ndikukumbuka njinga yopanda mabuleki,
zitini zitatu m'jumbo,
bulashi yotsukira m'botolo la parafini.
Ndikukumbuka kuti ankaimba mluzu akamalemba maso,
akafika pa khutu n'kukhala chete.
Ndinamudula mtengo, ndinamupatsa theka,
lotsalalo ndinati mawa.
M'kabuku kanga ka ngongole
ndinangolemba kuti: wapenti.

Mayi uja sanandiseke.
Anati kwawo kusukulu, dzina likatayika,
munthu amamutcha ndi chimene anasiya,
ndipo analemba ndikuona:
Mmisiri wa Khutu Lopindika.

Poyamba zinandiwawa. Munthu wamkulu, wandevu zake,
kumutcha khutu?
Koma usiku ndikusesa tsitsi
ndinamva mkazi wa pafupi akuitana,
"Bambo a Tadala, madzi afunda!"
Inenso pano ndani amadziwa kuti ndine Filimoni?
Mwana akabadwa, dzina lako limagona pansi,
umayenda ndi la chimene unabereka.

Tsono ngati uli moyo, kaya ku Zingwangwa, kaya ku Joni,
dziwa kuti ana ako akuwerenga, akwana khumi ndi anayi,
wina akuti apita naye ku Chichiri, akakhala m'galasi.
Wanga ndakana.
Akadali pakhomo, dzuwa likumudya.

Theka lija lilipo.
Ukabwera sindidzafunsa chitupa,
ndidzakukhazika pampando,
ndidzakufunditsa nsalu,
n'kuyang'ana khutu.