Kuseri kwa Nsalu

Bambo anga anali mvula.
Lachisanu lililonse madzulo, mu holo ya ku Katoto,
ankasanduka mvula, bingu, chitseko chadzimbiri,
ndi mahatchi atatu othamanga pamiyala.

Galimoto ya kanema idabwera ndi sipika yakufa.
Azungu pansalu ankangoyasamula
ngati nsomba za m'beseni,
mpaka kapitawo wa ku esiteti adati:
"Kaitaneni Lameki Zgambo,
uja amapusitsa agalu ndi kulira kwa fisi."

Ine yanga inali kunyamula sutikesi.
Munali zikho ziwiri zong'aluka, lata lopindika,
nyemba zouma m'chitini cha majarini,
ndi jombo imodzi, ya kumanzere,
imene inkaguba m'malo mwa asilikali zana.

Hatchi anali asanaionepo ndi maso.
Adaiphunzira pansalu pomwepo, kuwerenga miyendo,
kenaka gubudu gubudu, zikho pathabwa.
Chigawenga cha chipewa chachikulu
adachipatsa Chitumbuka cha ku Ekwendeni.
Dona wolira pazenera
adamupatsa mawu a azakhali anga a NyaZgambo.
Anthu adaseka mpaka benchi kuthyoka.
Azakhali sadatilankhule mpaka nyengo yokolola.

Malipiro: mashereni awiri
ndi tiyi wopanda mkaka.

Tsiku lina kudabwera mnyamata wa tayi
ndi makina a magudumu awiri ozungulira.
Adajambula bingu, chitseko, kulira kwa khanda,
adathokoza mwaulemu,
nkupita nazo kummwera.
Zaka ndi zaka tinkawamva bambo pa wailesi
akugwa ngati mvula m'masewero a eni ake,
dzina osatchulidwa.
Amayi ankasiya kusita, nkuloza:
"Tamverani, bambo anu akutsegulidwa."

Kenaka sipika idachira.
Nsalu idayamba kudzilankhulira yokha
ndipo kuseri kwake kudatsala akangaude.

Adalowa ulonda pa sitolo ya zitsulo ku Luwinga.
Usiku wonse ankauwa ngati agalu anayi,
wina wokalamba, wachifuwa.
Mbava sizidayandikirepo.
Oyandikana nawo adakadandaula kwa mwini sitolo
kuti agaluwo azipatsidwako chakudya.

Mwezi wa Juni, chifunga chitatsika ku Kaning'ina
nkudzagona pamazenera a chipatala,
ndidamva munthu akupempha madzi.
Mawu aang'ono, osalala,
opanda fisi mkati, opanda dona, opanda bingu.
Ndidacheuka kuyang'ana bedi la kumbuyo.
Linali lopanda munthu.

"Ndine, Tiwonge," adatero.
Zaka makumi anayi ndili mwana wawo,
ndipo mawuwo sindidawazindikire.

Sutikesi ili kwanga ku Chibavi, pansi pa bedi.
Dzulo mdzukulu wanga adaitsegula,
adakhutchumula chitini pafupi ndi khutu.
Zii.
Anankafumbwe adadya mvula yonse.
Ndamutuma kumsika akagule nyemba zina,
zazing'onozing'ono, zouma bwino,
pakuti zikuluzikulu, bambo ankatero,
zimagwa ngati matalala.