Makiyi Awiri Pansi pa Munda wa Halvorsen

Pamwamba pathu Halvorsen amalima mpendadzuwa.
Kunsi kwa mizu yake, m'chipinda chopanda zenera,
ine ndi Renwick timadikira lamulo
lomwe tinalumbira kuti tidzalimvera,
tikupemphera lisadzabwere.

Kiyi wanga uku, wake uko.
Anawatalikitsa dala kuti munthu mmodzi asawafikire onse,
ngati kuti misala singagwire anthu awiri usiku umodzi.

Akuluakulu amati mtendere ndi umenewu:
mpeni wanga pakhosi pako, wako pakhosi panga,
ndiye tonse tigone tulo tabwino.
Za woyetsemula sanaganizepo.

Lachinayi lija la mu Febuluwale,
Renwick akusenda lalanje,
belu linalira.
Timadontho tisanu pagalasi,
kenako khumi, tikutsika kuchokera kumpoto
ngati nyerere zamva shuga.
Mawu a pa lamya anangoti: konzekani.

Pakamwa panauma gwa.
Sindinakumbukire mbendera, kapena lumbiro.
Ndinakumbukira kuti zovala za Maren za kusukulu
ndinazisiya zonyowa m'makina ochapira.

Mphindi zinayi.
Fungo la lalanje chipinda chonse.
Ndinaganiza za mnzanga yemwe sindidzamuona,
kutsidya kwa nyanja youndana, m'dzenje longa langali,
mwina dzino likumuwawa, mwina mkazi anamuthawa dzulo,
nayenso chala pa kiyi,
moyo wa mwana wake uli m'manja mwa ine mlendo,
wa mwana wanga uli m'manja mwake.

Kenako timadontho tija zii.
Pepani, inatero lamya,
kachitsulo kena kapsa m'kompyuta,
kochepa ngati chikhadabo,
mtengo wake wosafika ndi wa buledi.

Renwick anamaliza kusenda lalanje lija.
Sanalidye.

M'mawa ndinatuluka, chipale chofewa chili mbee mpaka ku Canada.
Halvorsen, akumanga mpanda womwe mphepo inagwetsa,
anandikwezera dzanja.
Ku sitolo ya ku Kenmare ndinagula mkaka,
mayi wogulitsa akudandaula za mtengo wa petulo,
ine nkumavomera, zoona amayi, zinthu zavuta.

Zovala za Maren zinali zitayamba kununkha.
Ndinazichapanso, kawiri,
nditaima pompo, kuyang'ana zikuzungulira.

Lolemba ndikatsikanso m'dzenje muja.
Akuti kachitsulo kaja anasintha.
Anaikapo kena kofanana nako.